Unaphonya, Zuze

Unaphonya, Zuze.
Iwe uli ku Nchalo kulondera mapampu m'munda wa nzimbe,
ife tinali titathithikana m'shedi ya Alufandika pa Bangula,
mazana asanu pakhomo, ana theka,
thuu koloko ya usiku
malata akulavulabe moto wa masana.
Kanemayo Alufandika analipira pa foni,
akuti ndalama yake ndi mbuzi yathunthu.

Mayina awo enieni lilime limakana,
ndiye tinawapatsa athu.

Anayamba ndi lamba wa awiriawiri,
Abale a Dazi kulimbana ndi Mapasa a Zigoba.
Wadazi wamkulu, atafinyidwa mpaka maso psuu,
anatambasula dzanja kwa mng'ono wake pa chingwe.
Mng'onoyo anayang'ana dzanjalo,
nadzikanda m'khutu,
natsika, napita.
Mayi Nyakamera wa mandasi anawomba m'manja:
"Ameneyu ndi mlamu wanga, kungoti wanenepa."
Lamba anapita kwa Mapasa.

Kenako akazi.
Makwerero pakati pa bwalo,
lamba akulendewera kudenga ngati nsomba yoyanika.
Uja wa tsitsi lobiriwira, timamuti Namasupuni
poti ukamudula lero mawa wadzazanso mtsinje,
anagwa katatu.
Ulendo wachitatu tebulo linathyoka pakati
ngati bwato lowola pa Mtayamoyo.
Anadzuka chotsimphina, nakwera,
phazi limodzi, kupuma, phazi lina,
nathothola lambayo mnzake akumukoka chidendene.

Bizeki anati zonsezi nzopanga,
magaziwo ndi tomato.
Tinamuuza atuluke. Sanatuluke.
Ndi iyeyo anaimirira pa benchi mpaka thabwa kulira.

Tsono ya akuluakulu.
Mvuu, wosunga lamba chaka ndi miyezi iwiri,
khosi ngati thunthu la mlambe,
ndi kamnyamata kaja timati Udzudzu.
Mvuu anakaponya kunja kwa zingwe,
kanabwerera.
Anakapinda msana pa bondo,
kanaluma mlomo, kanakana kugonja.
Woyimbira anagundidwa, nagona dala ngati woledzera,
mpando wachitsulo unalowa, unatuluka wopindika.
Ndiye Udzudzu kukwera pa ngodya,
kutembenuka m'malere kawiri,
phii pamimba pa Mvuu.
Woyimbira kukwawa, kumenya pansi,
ife tonse naye:
Wani!
Thuu!

Jenereta anatsokomola, nakomoka.

Mdima bii.
Dzanja lija linatsala m'mwamba, kutsidya kwa nyanja.
Tinamva achule ku dambo,
ndi udzudzu weniweni, umene suwerengedwa,
ukutidya akakolo.
Mwana wina anati "fili" chapansipansi,
palibe anaseka.

Tinasonkha m'chivindikiro cha mandasi.
Fole anapalasa kabaza kukadzutsa wa petulo,
nabwera ndi botolo limodzi ndi bondo lonyuka.
Chingwe chinakokedwa kasanu ndi kawiri.

Kanema atayaka,
timapepala tonyezimira tinkagwa ngati phulusa la nzimbe zootcha.
Mvuu ali gone kunja.
Udzudzu ali gone mkati.
Lamba ali paphewa pa munthu wina,
wandevu, wonyamula sutikesi,
amene sitinamuone akulowa.

Tinafuna ndalama zathu.
Alufandika anati iye amagulitsa khomo, osati mathero.
Bizeki, amene amati nzopanga,
anapukuta m'maso ndi malaya,
nati ndi utsi wa jenereta.

Tinatuluka kutacha, dzuwa layamba kale ukali,
amayi akupita ku madimba ndi makasu,
ife tikukanganabe kuti dzanja lija linagunda pansi kapena ayi.

Ndiye za kubetcha kwathu.
Iwe unati Mvuu, ine ndinati Udzudzu.
Bakha wako akhale kaye kwanu,
wanga akhale kwathu,
adye, anenepe.
Akuti abwerezanso mwezi wa mawa.
Upemphe tchuthi,
ndipo ubwere ndi petulo.